Chala Chikaloza Mwini

Akuluakulu odziwa za makanema, ndiloleni ndifunseko, poti safunsa anadya phula. Ine ndine wa ku Kachulu, padoko la kumadzulo kwa nyanja ya Chilwa, m'boma la Zomba. Zimene ndimazidziwa bwino ndi bwato, ukonde ndi mitengo ya matemba. Koma ndamva kuti kunja kuno kuli anthu amene ntchito yawo ndi kupanga makanema onena za iwo eni. Sajambula mfumu, sajambula nkhondo, saitana anthu a zisudzo kuti ayerekeze kukondana. Amatembenuzira kamera kwa iwo okha, n'kumajambula kumene anabadwira, makolo awo, ngakhale mayendedwe awo pamsewu. Akuti ena amayamba ali anyamata mpaka imvi mbuu, ndipo dziko limawapatsa ulemu. Funso langa loyamba ndi lalifupi: anawatuma ndani?

Ndafunsa chonchi chifukwa kwathu kuno munthu sanena mbiri yake yekha. Pamaliro, mbiri ya malemu amanena ndi wachibale kapena mkulu wa mpingo. Paukwati amalankhula ndi ankhoswe, eni ukwati ali zyoli. Ngakhale pabwalo la milandu kwa amfumu, mawu a mwini nkhani salemera mpaka mboni itaimirira. Makolo anati chala sichiloza mwini. Munthu amene mawu ake onse amayamba ndi "ine" timamutcha wamatama, ndipo pamowa timamusiya azilankhula ndi chipanda. Nanga zikutheka bwanji kuti khalidwe limene pamudzi timalinyoza likhale ntchito yoti munthu n'kupatsidwa nayo mpando payunivesite?

Musaganize kuti ndikunena azungu okhaokha. Mdzukulu wanga anandionetsa pafoni makanema a Mmalawi mnzathu, a Samson Kambalu. Iwowa anabadwa mu 1975, anaphunzira ku Kamuzu Academy, kenako kuyambira 1995 mpaka 1999 anali ku Chancellor College ku Zomba konkuno, makilomita pafupifupi 30 kuchokera padoko pathu. Chaka chimene ankalowa pakolejipo ndi chaka chomwe nyanja yathu inaphwa. Mu 2008 anatulutsa buku lotchedwa The Jive Talker, lonena za ubwana wawo m'nthawi ya Kamuzu, ndi za bambo awo, wantchito wa m'zipatala wokonda mabuku ndi kulankhula, amene ankasamutsidwa boma ndi boma. Mu 2015 makanema awo anaonetsedwa pachionetsero chachikulu cha zaluso ku Venice, m'dziko la Italy. Lero ndi pulofesa wa zaluso ku Oxford.

Nditamva mbiri yonseyi ndinakhala bwino pampando, kuyembekezera kanema wamtali. Chimene ndinaona ndi munthu mmodzi, mwini wakeyo, atavala zovala za masiku onse. Zithunzi zake ndi zamtundu wachikale, zofiirira, zothamanga pang'ono. Salankhula. Amachita kanthu kamodzi, kudumpha, kuthamanga, kuyenda chafutambuyo, basi kanema watha, wayambiranso. Akuti a Kambalu anadziikira okha malamulo, ndipo loyamba ndi lakuti kanema asapitirire miniti imodzi. Abale, moyo wa munthu ungakwane m'miniti imodzi? Kuyambira kubadwa, sukulu, ulendo wa kunja, maliro a abale, zonsezi zili pati?

Mdzukulu wanga akuti zili m'kachitidweko. Ali mwana, a Kambalu ankaonera makanema akale amene filimu yake inkaduka, woonetsa n'kulumikiza zidutswa mmene wafunira, magetsi n'kuzima pakati, ana n'kumakuwa ndi kuyankhira. Ndiye akajambula kanema wodukiza, wopanda mawu, wobwerera m'mbuyo, akutionetsa mmene maso awo anaphunzirira kuona. Apa ndinamvako, chifukwa nafenso m'mavidiyo shoo a kuno jenereta ikatha mafuta nkhani imathera pomwepo, anyamata n'kumalizitsa okha panjira, aliyense ndi mathero ake. Koma yankholi langondiberekera funso lina. Ngati mbiri ya munthu si zimene zinamuchitikira zokha, koma ndi mmene amaonera zinthu, ndiye kuti msodzi amene amadziwa mphepo ya mawa poyang'ana mitambo ya ku phiri la Zomba nayenso ali ndi kanema m'mutu mwake?

Makanema awowo anawatcha Nyau Cinema. Ife a kuno si eni ake enieni a gule wamkulu, kwathu ndi manganje ndi tchopa. Komabe ngakhale mwana amadziwa kuti chilombo chikatuluka kudambwe sichionetsa nkhope ya munthu, ndipo safunsa kuti muli yani. Nanga a Kambalu, nkhope ili poyera, dzina likudziwika, chobisika n'chiyani? Kapena munthu akaima patsogolo pa kamera nkhope yake yomweyo imasanduka chigoba? Ngati ndi choncho, ndiye kuti wodzijambula si wamatama monga ndinkaganizira poyamba kumva, poti wamatama amafuna timudziwe, pamene uyu tikamuonera timatsala tikudzifunsa kuti taona yani.

Tsopano funso la m'mimba. Amadya chiyani anthu amenewa? Kanema wa miniti imodzi angamugule ndani? Ndikayang'ana, pafupifupi aliyense ali ndi khasu lina. A Kambalu amaphunzitsa. A Shemu Joyah, amene anatipangira Seasons of a Life, The Last Fishing Boat mu 2012 ndi The Road to Sunrise mu 2017, ntchito imene anaphunzira ndi yoyeza malo. Ndipo awo ndi makanema a nkhani zokoka anthu, okhala ndi chikondi, mikangano ndi misozi. Ngati wopanga makanema otere afunika kuyamba wayeza malo kuti apeze ya kamera, kuli bwanji wojambula agogo ake akusoka ukonde? Kuno kanema timamupeza kwa anyamata a makompyuta pamsika, amatiikira mumemori khadi ndi ndalama yochepa, ndipo mwini kanemayo salandirapo ngakhale tambala. Ndiye chimene chimamugwira munthu kuti apitirize zaka makumimakumi pa ntchito yosamudyetsa ndi chiyani? Ndi ntchito, kapena ndi mzimu umene umangomutsikira munthu?

Ndifike pamene pandisowetsa tulo. Ife a ku Chilwa kamera timaidziwa. Nyanja yathu ilibe mtsinje wotulutsa madzi. Imalandira a Domasi, Likangala, Thondwe, Phalombe ndi mitsinje ina, dzuwa n'kumamwa. Ndi yosazama, moti bwato timalikankha ndi nsungwi yofika pansi. Mvula ikavuta zaka zotsatizana, imaphwa. Inaphwa mu 1968, inaphwa mu 1995, inaphwanso mu 2018. Ulendo womalizawu magalimoto anatsika kuchokera m'tauni, alendo atanyamula makamera. Mawu awo anali amodzimodzi: "Bambo, taimani apa pafupi ndi bwatoli. Yang'anani kutali. Musaseke." Tinaima pamatope ong'aluka, tinayang'ana kutali, sitinaseke. Alendowo sananame, njala inalipodi. Koma mvula ya namondwe wa Idai itagwa mu Malichi 2019, madzi n'kubwerera, mabwato n'kuyandamanso, amene anabwera kudzationa tikuseka anali owerengeka.

Choncho munthu wa kutali akaonera kanema wa Chilwa amadziwa chinthu chimodzi, choti ndife anthu oima pamatope. Sadziwa kuti nyanja ikaphwa anthu amayenda wapansi kupita pachilumba cha Chisi, njira imene dzulo lake inali ya bwato. Sadziwa kuti matemba ndi makumba amathawira m'mathamanda a m'mitsinje, ndi kuti itaphwa mu 1995 mafumu ndi anthu awo anaima nji kuletsa katupe m'mathamandamo kuti mbewu ya nsomba isathe. Sadziwa za asodzi amene amasamukira ku Chiuta ndi ku Malombe kukadikira madzi, kapena za mpunga wa m'masikimu a Likangala ndi Domasi. Sadziwa za zimbowera, tinyumba toyandama pakati pa njedza, momwe amuna amakhala miyezi, kuphika momwemo, kuwamba nsomba momwemo. Zonsezi timazidziwa ndife. Bwanji wotiuza poima ndi amene sazidziwa?

Pamenepa ndi pomwe ntchito ina ya a Kambalu yandisokoneza mutu. Mu Seputembala 2022 anaimika chiboliboli pabwalo la Trafalgar Square mumzinda wa London. Anachitengera pa chithunzi cha 1914, chimene Mbusa John Chilembwe anajambulitsa pa tchalitchi chake chatsopano ku Mbombwe, m'boma la Chiradzulu, ataima ndi mnzake wachizungu, John Chorley. Pachithunzipo Chilembwe wavala chipewa, nthawi imene munthu wakuda sankaloledwa kuvala chipewa pamaso pa mzungu. Palibe anamuuza kuti imani apa, vulani ichi, musaseke. Anasankha yekha mmene dziko lidzamuonere. Kodi Chilembwe anali wamatama? Ngati yankho ndi ayi, ndiye kuti pali nthawi imene chala chiyenera kuloza mwini, pamene zala za ena zakhala zikumuloza molakwika. Kapena ndalakwitsa masamu?

Mwina mudzati: dekhani, nkhani yabwino imapeza woijambula. Mudzatchula William Kamkwamba wa ku Wimbe, ku Kasungu, amene ali mnyamata anapanga makina a mphepo opangira magetsi itatha njala ya 2001 ndi 2002. Buku la moyo wake linatuluka mu 2009, ndipo mu 2019 Chiwetel Ejiofor anapanga kanema wa The Boy Who Harnessed the Wind, wojambulidwa ku Wimbe komweko. Tinanyadira, ndipo kunyadirako kunali koyenera. Koma amene anakhala William ndi mnyamata wa ku Kenya, Maxwell Simba, amene anakhala bambo ake ndi Ejiofor mwiniyo wa ku Britain, ndipo Chichewa cha ena mwa iwo chinaseketsa anthu ngakhale pamalo olira. Sindikuwanyoza, anayesetsa. Ndikungofunsa kuti: kuti moyo wako ujambulidwe, mpaka upange makina odabwitsa dziko? Mayi amene walera ana ndi malonda a matemba okhaokha, kukwera matola a ku Zomba m'bandakucha zaka zonse, adzamudzera ndani?

Akuti ku Senegal kunali mayi wina amene sanadikire. Dzina lake Safi Faye. Ataphunzira ku France anabwerera kumudzi kwawo ku Fad'jal ndi kamera, n'kujambula abale ake enieni akulima, akudya, akukambirana pansi pa mtengo. Kanemayo, Kaddu Beykat, anatuluka mu 1975, ndipo mawu ofotokoza ndi a mayiyo mwini, ngati akuwerenga kalata yochokera kumudzi. Alimi a m'kanemayo ankadandaula za chilala ndi za kudalira mtedza wogulitsa pamene nkhokwe zili mbee. Boma la dziko lawo linamuletsa kanemayo. Apa ndadabwanso. Ngati kujambula mudzi wako ndi abale ako ndi nkhani yaing'ono, ya munthu mmodzi, boma linaopa chiyani? Kapena munthu akanena za kwawo mwachindunji amapezeka wanena za dziko lonse?

Musaone ngati ndagonja kale. Pali chinthu chimene chikundiopsa, ndipo ndichinena. Palibe munthu amene moyo wake ndi wake yekha. Mdzukulu wanga akati ajambule moyo wake, ine ndili momwemo, agogo ake aakazi ali momwemo, ngongole zathu zili momwemo. Za kuzimbowera si zonse zokoma kumva. Kuli kolera imene imabuka chifukwa madzi akumwa ndi omwewo otayiramo zonse. Kuli amuna amene ndalama ya nsomba imathera kumene akazi awo sakudziwa. Iye akati "uwu ndi moyo wanga," ine ndikadandaule kwa yani kuti chidutswa icho ndi changa?

Ndamva kuti mkulu wina wa ku Chad, Mahamat-Saleh Haroun, anadzifunsa funso lomweli. Mu kanema wake wa 1999, Bye Bye Africa, amasewera ngati iye mwini, wopanga makanema amene wabwerera kwawo kuchokera ku France mayi ake atamwalira. Amapeza nyumba zoonetsera makanema zitatsekedwa. Amakumananso ndi mayi amene anasewerapo ngati wodwala Edzi mu kanema wake wakale, ndipo anthu, pokhulupirira kuti zimene anaona ndi zoona, anamusala mayiyo. Wojambula anakwera ndege, wojambulidwa anatsala ndi anansi. Kanemayo amasakaniza zochitikadi ndi zopeka, koma ife a pamudzi tikudziwa kuti zotere zimatheka. Kuno munthu akangooneka pa kanema, mawa lake nkhani ili pachigayo. Kodi opanga makanema a moyo wawo amayamba apempha kwa eni mbumba? Nanga mmodzi akakana, moyo wa wojambulayo umakhala ndi chibowo pamenepo?

Olemba mabuku ali ndi mwayi, chifukwa pepala lilibe nkhope. Ndende ya Mikuyu ili m'chigwa chomwechi, pakati pa tauni ya Zomba ndi nyanja. A Jack Mapanje, amene ankaphunzitsa ku Chancellor College, anatsekeredwa mmenemo kuyambira 1987 mpaka 1991 popanda kuzengedwa mlandu, ndipo mu 2011 anatulutsa buku la zimene anaona. A Legson Kayira analemba za ulendo wawo wapansi wofunafuna sukulu, a Vera Chirwa analemba za moyo wawo ndi zaka za kundende. Amalawi kulemba za moyo wathu timatha ndithu. Koma padoko pano owerenga mabuku a Chingerezi ndi angati? Kanema ndiye amene aliyense amamva, wopita kusukulu ndi wosapita yemwe. Bwanji chida chimene tonse timachimva ndi chimene tachisiyira alendo?

Wina adzati ndachedwa, ana a masiku ano akudzijambula kale. N'zoona. Lamlungu lililonse anyamata amaima pamphepete pa madzi, malaya ochapa bwino, magalasi obwereka, n'kutumiza pa Facebook ndi pa TikTok. Koma amasankha bwato lopentedwa, amabisa mapazi ong'aluka, amamwetulira ngakhale usiku anagona ndi njala. Mlendo ankatiuza kuti tisaseke, ife tokha tikudziuza kuti tisalire. Bodza ndi liti pamenepa, loyambalo kapena lachiwirili? Ndipo chimasiyanitsa mnyamata wa foni ndi wopanga makanema a moyo wake ndi chiyani, poti onse aloza mwini?

Mwina ndi kupirira. Akuti kunali mkulu wina, Jonas Mekas, wothawa nkhondo wochokera ku Lithuania, amene anafika ku New York mu 1949, n'kubwereka ndalama kugula kamera. Kuyambira pamenepo ankajambula zimene zili pafupi naye, anzake, ana ake, chipale chofewa pamsewu, tsiku labwino ndi loipa lomwe. Atatha zaka zoposa 25 osaona kwawo anabwerera kumudzi kukaona mayi ake, ulendowo n'kukhala kanema wa 1972. Kanema wake wina wa mu 2000 ndi wa maola pafupifupi asanu. Anamwalira mu 2019 ali ndi zaka 96. A Kambalu miniti imodzi, a Mekas maola asanu, ndipo onse akuti ndi moyo wa munthu. Ine ndikuona ngati ntchito yawo ndi ya pathandala. Matemba a lero ukawasiya m'bwato, mawa ndi fungo lokha, koma ukawayanika adzadyedwa m'mwezi wa njala ndi munthu amene sanaione nyanja. Masiku a munthu nawonso amaola akapanda kuyanikidwa. Kodi kusiyana si kumeneku, kuti mnyamata wa foni amajambula kuti anzake amuone lero, pamene enawa amajambula kuti zidzapezeke?

Nanga zikapezeka kuti? Foni imagwera m'madzi, ina imagulitsidwa mu Januwale kuti papezeke ya chimanga, memori khadi amaifufuta kuti alowetse nyimbo zatsopano. Ku Zomba kuli nyumba yosungira mbiri ya dziko lino, National Archives, imene inayamba mu 1947. Muli makalata a abwanamkubwa ndi malipoti a maboma. Msodzi atapita ndi kanema wa moyo wake wa kuzimbowera, ali ndi polandirira? Nyanja yathu inalembedwa pa mndandanda wa madambo ofunika padziko lonse, wa pangano la Ramsar, makamaka chifukwa cha mbalame zake. Mbalamezo akatswiri amaziwerenga, amazijambula, amazilemba maina. Nanga mawu a agogo amene anaona kuphwa kwa 1968 akuwasunga ndani, poti eni ake akutha mmodzimmodzi?

Ndili ndi funso linanso kwa eni mavidiyo shoo a kuno ndi a ku Jali. Makanema a a Kambalu safuna womasulira, poti mulibe mawu. Sadya mafuta a jenereta, poti ndi a miniti imodzi. Anthu a ku Venice ndi ku London awaona, ine ndawaonera pafoni ya mdzukulu. Chingaletse n'chiyani kuonetsako mmodzi filimu ya ku Nigeria isanayambe, ana aone kuti munthu amene anaphunzira pa Zomba pomwepa anaima yekha patsogolo pa kamera ndipo thambo silinagwe? Mwana wa ng'ona sakulira dziwe limodzi, tikudziwa. Koma bwanji timadikira kuti akunja ayambe kuomba m'manja, ife n'kumati ndi wathu?

Kuchokera 1968 kufika 1995 panadutsa zaka 27, kuchokera 1995 kufika 2018 zaka 23. Nyanja idzaphwanso, ndipo magalimoto adzatsikanso. Tsiku limenelo mtsikana wina wa pa Kachulu kapena wa pa Chisi akadzatulutsa foni n'kunena kuti, "Agogo, ndikufuna kujambula za ine ndi za pakhomo pano, zokoma ndi zowawa zomwe," tidzamuyankha chiyani? Tidzamuuza kuti chala sichiloza mwini, kenako n'kupita kukaima pamene mlendo watilozera? Ine mdzukulu wanga ndamuuza kuti ayambe, bola andionetse kaye ndisanaonedwe ndi dziko, ndipo ndikati ichi chotsa tikhale pansi tikambirane. Inu odziwa za makanema, ndiuzeni: pamgwirizano umenewu ndamuchepetsera ufulu wake, kapena ndi mmene ntchitoyi iyenera kuyendera pamudzi?